Boda ya pa Mpopi

Chingwe choyamba ndinamanga ndine. Pambuyo pake ena ankati anali anyamata a giredi 12, ena ankati zinangofalikira zokha ngati chimfine, koma chingwecho chinali cha amayi choyanikira zovala, ndipo ndinachimasula ndekha kwathu ku Libuyu.

A hedi anali atandichenjeza kale. Itatha nkhani ya chule amene anapezeka m'chikwama cha pulifekiti, anaitana amayi n'kuwauza ine ndili pomwepo kuti ndikadzangochitanso kanthu kamodzi, ndidzatole mabuku anga osabwereranso. Amayi anagwada mu ofesi muja. Zonsezi ndinkazikumbukira bwinobwino pomasula chingwe.

Aphunzitsi athu a siviki ndiwo anakonza tsiku la mgwirizano wa mayiko. Kumahotela a m'mbali mwa Zambezi kunali msonkhano wa akuluakulu a mayiko a chigawo chino, ndipo mmodzi wa iwo anavomera kudzationa. Kalasi iliyonse inapatsidwa dziko lake ndi mbendera ya pepala. Aphunzitsiwa ankati mayiko sayamba ndi chikondi, amayamba ndi tinthu ting'onoting'ono. Akagawana magetsi amafunanso msewu, akamanga msewu amafuna lamulo limodzi la pamsewupo, mpaka malire amangosungunuka ngati sopo. Anatiuzanso, poti anali munthu wachilungamo, kuti akatswiri ena amakana zimenezo, amati mayiko amakhalira pamodzi pokhapokha wamkulu akaonapo phindu, aang'ono n'kumatola zogwa. Aphunzitsi athuwo ankakhulupirira za sopozo.

"Ba ticha," ndinafunsa, "nanga bwanji pa mlatho wa pa boda paja anyani okha ndiwo amawoloka opanda pepala?"

"Chifukwa ni abale ako. Khala pansi."

Ndinakhala, koma funsolo silinali nthabwala yokha. Amayi amagulitsa tomato ndi masamba kutsidya kwa mtsinje. Amanyamuka katundu ali wowala, n'kukaima pamzere. Lero lamulo likuti chakuti, mawa lasintha. Pepala lovomerezeka tsidya lino, tsidya linalo salidziwa. Pamene iwo akudikira, alendo akudziponya pa mlatho womwewo chingwe chili m'miyendo, akukuwa ndi chimwemwe. Masiku ena amayi amabwerera ndi tomato wofewa, ndiye timadya tomato m'mawa ndi madzulo mpaka m'kamwa mutawawasa. Mawu akuti chigawo chimodzi ine ndimawamvera m'mimba.

Kalasi yathu inali kumapeto kwa mdadada, pomwe pali mpopi ndi kanjira kopita kuzimbudzi. Inali nyengo yotentha ija phula la mu msewu wa Mosi-oa-Tunya limamata nsapato. Ndinamanga chingwe kuchokera pa chipilala kukafika pa mtengo wa mango. Chidindo ndinasema pa patapata wakale, inki ndinafinya m'bolopeni. Mnzanga wina wa ku Malota, wonenepa, wa nkhope yosaseka, ndinamukhazika pa desiki. Lamulo linali lapafupi: wofuna madzi akhale ndi chidindo padzanja, wofuna chidindo abwere ndi monita wa kalasi yake, koma monita sangayandikire desiki alibe chidindo. Palibe chimene ndinapeka. Ndinangotenga zimene amayi amadandaula akamasamba mapazi.

Ndinkaganiza kuti a makalasi ena andimenya. Ayi ndithu. A kalasi yoyandikana ndi kantini anatseka njira yawo ndi madesiki. A kumthunzi analumikiza matayi. Pofika nthawi yopuma sukulu yonse inali zingwe zokhazokha, aliyense ali ndi chidindo chake, sakuvomereza cha mnzake. Ana amene masamu amawavuta chaka chonse, izi anazidziwa popanda wowaphunzitsa. A giredi 12 ankangolumpha chingwe chilichonse manja ali m'thumba. Akanawaletsa ndani?

Kamtsikana kena ka giredi 8 kanafika pa chingwe chathu katagwira pamimba.

"Bakamba, napapata, nifuna kupita ku toileti," kanatichonderera ife akuluakulu.

"Sisitemu ili dauni, mwaiche," anatero mnzanga uja kwa kamwanako osakweza n'komwe mutu. "Bwela mailo."

Kumva zoti kabwere mawa, tinaseka tonse. Kanaima, kanaimabe, chifukwa kanali kamwana komvera malamulo. Kenaka zinachitika pomwepo, anthu akuona. Anzake anathothola nsalu imene aphunzitsi analembapo za umodzi wa mayiko n'kukafunditsa m'chiuno. Pa tsiku lonselo, ichi chokha ndicho sindichiseka.

Mlendo anafika ndi galimoto yozizira m'kati, a hedi ali patsogolo, aphunzitsi a siviki pambuyo akutuluka thukuta. Ameneyo ndiye ndinkamudikira. Ndinkafuna aime padzuwa, suti imumatirire kumsana, amve zimene tomato amamva. Atafika pa chingwe changa ndinatambasula dzanja.

"Pasipoti, ba bosi."

A hedi anandiyang'ana, ndipo m'maso mwawo ndinaona mabuku anga ali kale panja pa geti.

Mlendo uja anaseka mpaka kugwira mawondo. Anapereka dzanja kuti ndimudinde, anauza womuperekeza kuti atijambule, ndipo anati sewero lotere sanalionepo, likuonetsa bwino kwambiri zopinga za malonda. Anafunsa kuti analemba ndani. Aphunzitsi a siviki anangoyang'ana nsapato zawo. Padzuwa mlendoyo sanaimepo nthawi yokwanira kumwa kapu ya madzi. A hedi eniake ndiwo anamukwezera chingwe.

Mu holo mlendoyo anatiuza kuti mapangano anasainidwa kale, ndipo ife tikadzakula malire tidzangowawerenga m'mabuku. Ndinaimika dzanja n'kufunsa kuti iye pa mlatho amadikira nthawi yotani. Anayankha mokoma mtima kuti kawirikawiri amabwera pa ndege, koma vutolo akulidziwa ndipo akukambirana. Tinaomba m'manja. Inki yanga inali idakali padzanja lake, ndipo ndikhulupirira kuti anakaionetsa anzake kuhotela pa chakudya chamasana.

Mawa lake a hedi anandiitana. Anazungulira tebulo, anakhala, anaimiriranso. Mwana amene wajambulidwa akugwirana chanza ndi mlendo wolemekezeka sungamuchotse sukulu, anthu angafunse.

"Uziona monga ndiwe wochenjela, ai?"

"Iyayi, ba hedi. Ninali chabe kuthandiza ba ticha."

Anandipatsa chikwanje, khasu ndi chitsa cha mtengo chimene chili kuseri kwa labu, akuti ndisalowe m'kalasi mpaka chitazuka. Amayi atamva kuti malo anga alipobe, anandikoka khutu kamodzi n'kukagona, poti m'mawa kunali mzere.

Chitsacho chili pamthunzi, ndipo masamu amandidutsa patali. Ndimakumba pang'ono, ndimapuma, ndimadya mango. A hedi akadutsa n'kufunsa kuti chizuka liti, ndimaimirira mwaulemu, khasu paphewa.

"Tikali kukambilana, ba hedi."