Gawo Lachinayi

M'msewu mwathu atelala alipo ambiri, koma ukangoti Atelala aliyense amadziwa amene ukunena. Ndakhala nawo moyandikana zaka makumi awiri, ndipo sindinawaonepo akulira. Ngakhale kuseka amaseka chotseka pakamwa, mapini ali pamilomo.

Bambo awo atamwalira anasiya malo aakulu ndithu. Ana anali anayi: achimwene awo oyendetsa lole, ena ogulitsa nyama, Atelala, ndi mng'ono wa onse amene anali atatsogola kale, n'kusiya mwana wamkazi wa zaka zisanu ndi ziwiri. Mayi a mwanayo nawonso anali atamwalira.

Tsiku logawana, a lole anati malo agawidwe patatu. Mwana ndi wa tonse, azidya kulikonse, sukulu adzathandizana, nanga kamwana malo kachita nawo chiyani? A nyama anawonjezera kuti gawo lake azimusungira mumtima. Ine mawu amenewo ndimawadziwa. Chimene abale akusungira chimasungunuka ngati mchere.

Atelala anangomvetsera mpaka onse atatha.

"Amayi anabereka anayi, achimwene," anatero. "Womalizayo kumsana ndinkamubereka ndine."

M'mawa mwake ndinawaona akukwawa pamalopo ndi tepi yawo yoyezera m'chiuno, akuyeza pang'onopang'ono n'kumakhoma zikhomo. Anagawa panayi. Zikhomo zinazulidwa, iwo n'kukhomanso. Ku ofesi ya malo anapitako kasanu ndi kawiri, makina atawaphimba ndi nsalu, makasitomala n'kumathawira kwa ena. Pomwe mapepala ankatuluka ndi dzina la mwanayo, Atelala sanasangalale kapena kudandaula. Anangowaika pansi pa matiresi n'kuyamba kupinda siketi ya munthu.

Achimwenewo anamupatsa mwanayo kumapeto kwenikweni, kotsetsereka, kumene kunali dzala. Koma ngakhale kumeneko a nyama anayamba kuunjikako njerwa, ati kwa masiku ochepa chabe. Atelala anamanga kachisakasa ka malata anayi pakati penipeni pa gawolo, n'kusamutsirako makina. Nthawi yotentha ankapsa, mvula ikagwa madzi ankadutsa pansi pa mpando. Moni wa achimwene unatha. Mwanayo anakulira m'nyumba mwa Atelala, akuwaitana azakhali, osadziwa bwinobwino chifukwa chimene munthu wokhala ndi khonde labwino amasokera kudzala.

Zinatenga zaka khumi ndi chimodzi. Ndikawafunsa ngati sakutopa, ankandiyankha kuti ndiwapatsire sizasi.

Chaka chatha mtsikanayo anapeza malo ku sukulu ya unamwino, kutali. Tsiku lina masana ndili m'chisakasamo kudikira diresi langa, iye anabwera n'kuima pakhomo, akupotokola zala.

"Azakhali, ndikufuna kugulitsa malowa kuti ndipite kusukulu. Ndimaopa kukuuzani."

Makina sanaime mpaka msoko unafika kumapeto. Atelala anadula ulusi ndi mano.

"Ndi pako. Wogula ndani?"

"Abambo aakulu. A nyama."

Ine mtima unandiwira. Mtsikanayo atachoka ndinalankhula zambiri, zina zosayenera kubwereza. Ndinati zaka zonsezi apsa ndi dzuwa kulondera malo, kuti mapeto ake agwere m'manja mwa munthu yemwe uja wa njerwa? Ndinati mwanayo ndi wosayamika, ndipo achimwene awo azikaseka mpaka nthiti kuwawa.

Atelala anatembenuza diresi langa, n'kuyang'ana msoko ngati kuti ndi umene ndinkaunena. Nkhope yawo inali ya masiku onse.

"Akugula," anatero. "Apita kwa mwana, amupempha, mwana watchula mtengo wake. Ndimadikira zimenezo."

Loweruka lake tinanyamula makinawo awiriwiri kubwerera nawo pakhonde. Malata anayiwo sanawatenge, anati ali pamalo a mwini.