Tsiku Limene Seneta Anakhala Chete

Ana a pasukulu yathu akamadutsa pamunda wa fodya wa kumunsi amakonda kufunsa chifukwa chimene mitengo ya msasa inatsalira pakati pa mizere, thirakitala n'kumachita kuilambalala. Yankho lake lili m'moyo wa a Lazalo Mbewe, amene komboni yonse inkawatcha Seneta.

A Lazalo anachoka ku Ntcheu ali mnyamata, nayenda pansi kudzera ku Tete mpaka kudzafika pafamu ino ya kufupi ndi Mvurwi. Ntchito yawo inali yosonkha moto m'mabalani oumitsira fodya. Sukulu sanapite nayo patali, koma anali ndi khutu lomvetsera ndi lilime lofatsa. Chishona anachidziwa msanga, nachonso Chilapalapa, chiyankhulo chosakaniza chimene azungu ankalamulira nacho antchito. Munthu akapalamula, kaya wagona pantchito, kaya mbuzi yake yalowa m'nazale, ankathamangira kwa iwo kuti akamuyankhulire kwa bwana.

Chaka chimene Chitaganya chinayamba, mlamu wake wa mwini famu anabwera kudzacheza kuchokera ku Amereka. Iyeyo anali loya. Tsiku lina anaima pakhonde n'kumaonerera a Lazalo akuchonderera mayi wina wamasiye amene ankafuna kumuchotsa m'nyumba. Mayiyo atakhululukidwa, mlendoyo anawagwira chanza, nati kwawo munthu wotere amavala jekete n'kumaima m'khoti. Patapita zaka kunamveka kuti loya uja wasankhidwa kukhala seneta, ndiye kuti phungu wa nyumba ya malamulo ya kwawoko. Nthawi yomweyo n'kuti anthu a pakomboni atangosankha a Lazalo kukhala wowayankhulira onse, Akhristu ndi Asilamu omwe. Mwini famu anaseka nati, "Nafenso tili naye Seneta wathu." Dzinalo linakanirira.

Udindowo unawasintha pang'ono. Kale ankamenyera munthu mmodzi, wolakwa kaya wosalakwa. Tsopano ankayenera kuganizira onse, ndipo ena anawada. Che Sulemani, telala wa pakomboni, anatha miyezi osawapatsa moni chifukwa a Lazalo anagamula kuti mbuzi zawo zizimangidwa ngati za wina aliyense.

Akazi awo a Lazalo, a Lestina, anamwalira ndi chifuwa, naikidwa kumapeto kwa manda, pansi pa mitengo ya msasa ija. Mvula iwiri isanathe, mwini famu anapita kukakhala kulikulu ku Sozibele, n'kusiya manija watsopano. Manijayo anayeza munda, naona kuti akadula mbali ya kumunsi kwa manda mizere iwongoka. Mbali imeneyo ndiyo munagona a Lestina.

Anthu anapempha msonkhano ndi manijayo, ndipo a Lazalo anayamba kukonza mawu awo. Ankayenda kumbuyo kwa mabalani akuyankhula okha, akusanja mfundo monga ankachitira pa milandu ya ena. Mmawa wa tsiku la msonkhano anapeza Che Sulemani atawakhalira pakhomo.

"A Mbewe, mukupita kuti ndi jekete?"

"Kwa manija. Kapena mwabwera kudzadandaula za mbuzi?"

"Mbuzi zanga zanenepa, zikomo chifukwa cha chingwe chanu. Koma lero inu simutsegula pakamwa. Ndi liti munaona mwini maliro akudziyankhulira yekha? Kodi ndinu mtchona wopanda anthu?"

"Achimwene, inu Chilapalapa chanu n'chothyokathyoka."

"Chithyoke. Inuyo khalani pamphasa."

A Lazalo anaudziwa mwambowo bwino, chifukwa iwo omwe ankaukumbutsa anzawo: nkhani ikakhala yako, umakhala pansi, ena n'kukusenzera. Koma ankadziwanso kuti pafamu yonse panalibe wodziwa kunyengerera mzungu ngati iwo, ndipo Che Sulemani akalephera, khasu lidzadutsa pamutu pa a Lestina. Komabe anavula jekete ija n'kuipachika.

Msonkhano unachitikira pakhomo pa shedi yosankhira fodya. Che Sulemani anayamba ndi moni wautali, nasokoneza mawu, nabwerezanso. Manija anatopa. Anayang'ana a Lazalo amene anakhala pamphasa, mutu uli pansi.

"Seneta, iwe ndiye uyankhule. Mdala uyu akuti chiyani?"

A Lazalo sanayankhe. Amene anakhala nawo pafupi amati zala zawo zinali zitakanikiza mphasa.

"Ndikufunsa iwe!"

Che Sulemani anatembenukira kwa a Januario, kapitawo, nati, "Tamasulirani bwino, ine Chilapalapa chandithera. Muuzeni bwana kuti amene agona kumandako ndi mkazi wa munthu uyu. Kwathu wofedwa akadziyankhulira ndiye kuti alibe abale. Bwanayo atukule maso aone ngati uyu alibe abale."

Anthu anayamba kuimirira. Osankha fodya anasiya mabenchi, amayi anatuluka m'shedi ana ali kumsana, ngakhale Ashona oyendetsa ngolo anatsika. Panalibe amene anakuwa. Che Sulemani anawonjezera mofatsa kuti munda ndi wa bwana, akhoza kulima pamene akufuna, koma fodya womera pamanda sadzapeza dzanja lomuthyola.

Manija anayang'ana anthuwo, nayang'ana kumunda kumene masamba anali atayamba kale kucha. Anatukwana pang'ono, nauza a Januario kuti akazule zikhomo zimene anakhoma kumandako.

Pobwerera kukomboni a Lazalo anayenda pambali pa telala uja. Atafika pakhomo anati, "Munaiwala mfundo zitatu."

"Zisungeni," anatero Che Sulemani. "Mudzandiyankhulire nazo ine."

A Lazalo anapitiriza kuyankhulira anthu, koma kuyambira pamenepo ankatenga mnzawo wina pa mlandu uliwonse, n'kumusiyira mbali ina yoti anene. Ankati mlandu umene unawavuta koposa m'moyo wawo ndi umene sanayankhulepo liwu ndi limodzi lomwe. Anamwalira chaka chimene Chitaganya chinatha, anzawo ambiri akumanga katundu kubwerera kwawo. Iwo anatsala konkuno, pambali pa a Lestina. Jekete yowaveka anaisita ndi Che Sulemani, ndipo thirakitala ikafika pa misasa ija imakhotabe.