Mmene ndinadulira a Gondwe mu kanema wa mpunga

M'masiku a chipani chimodzi ndinkagwira ntchito ku Blantyre yodula ndi kulumikiza mafilimu a zaulimi. Tsiku lina ojambula anabwera ndi zithunzi za kwathu ku Vinthukutu. Mlimi wachitsanzo amene anamusankha anali a Gondwe, amene anakwatira Tiwonge, mtsikana yemwe anandikana ine ndisanapite ku tauni.

Kunena zoona, munthuyo ankaoneka bwino. Ankalankhula Chichewa chake cha Chitumbuka mosadodoma, ataima m'munda wa mpunga ngati nduna. Ndinamuonera kangapo mtima ukuwawa, kenako ndinatenga lumo. Ndinasiya ng'ombe zake, khasu, ndi msana wake akuchoka. Abwana ndinawauza kuti mbali inayo inapsa ndi dzuwa. Koma pamene Tiwonge ankapeta mpunga sindinadulepo kanthu, ngakhale pomwe ankangoyang'ana nkhuku.

Galimoto yoonetsa kanemayo itafika ku Uliwa, kufupi ndi Vinthukutu, ndinali kwathu pa tchuthi. A Gondwe anabwera atavala jekete, ataitana abale awo onse ndi akulu a mpingo. Anthu anaona ng'ombe, msana, kenako Tiwonge akupeta, akupetabe, mpaka amayi ena anayamba kuseka.

Kanema atatha, a Gondwe anandipeza ndikuzemba kuseri kwa galimoto. Anandigwira dzanja mwaulemu, osalisiya msanga.

"Mwagwira ntchito, achimwene," anatero. "Koma lumo lanu likafika pa akazi anga limabuntha, eti?"

Ndinayankha kuti makina ake ndi akale.