Gudumu la Apongozi Anga pa Njakwa

Nditakwatiwa ku Rumphi kuchokera kwathu ku Ntcheu, ndale za zipani zambiri zinali zitangoyamba kumene. Amuna anga ankagwira ntchito ku Mzuzu ndipo ankabwera mwa apo ndi apo, choncho ndinkakhala ndi apongozi anga, kunja pang'ono kwa Boma, m'mbali mwa msewu wa ku Bolero. Ndinkaphunzitsa pasukulu ya pulayimale yapafupi.

Apongozi aamuna, omwe tonse tinkawatchula kuti adada, anali mphunzitsi wa sayansi wopuma pantchito. Anaphunzitsa zaka zambiri kumwera mpaka pamene aphunzitsi akumpoto anabwezedwa kwawo. Amama, akazi awo, anandiuza kuti chibwerereni adada sankayankhulayankhula. Ankangokhala pakhonde ndi tiyi wawo. Koma anthu atayamba kumasuka pa nkhani za ndale m'misika ndi m'mabasi, iwonso anatsegula pakamwa. Kungoti nkhani yawo sinali ya ndale. Inali ya nthawi.

Mwambo sunkalola mtengwa kumacheza mwachisawawa ndi apongozi aamuna, koma iwo anapeza njira. Ankanditchula kuti aphunzitsi, ndiye tinkacheza ngati anthu a ntchito imodzi, iwo ali pampando, ine ndili pamphasa ndikusankha nyemba.

"Aphunzitsi," anatero tsiku lina, Chichewa chawo chikumveka kamvekedwe ka Chitumbuka, "khasu likachita dzimbiri, chalidya n'chiyani?"

"Chinyontho ndi mpweya, adada."

"Nanenso ndinkaphunzitsa zomwezo. Nanga imvi zangazi? Nanga ana akukula m'kalasi mwanuwo? Chilipo chimene chikukankha zonsezi, kulowera mbali imodzi, osabwerera. Ndipo chilichonse chokankha chili ndi mphamvu."

Maganizo awo anali akuti nthawi imayenda ngati madzi a mumtsinje. Pachidikha imayenda mofatsa, pamalo opanikizika imathamanga. Madzi amazunguza makina n'kutulutsa magetsi, ndiye nthawi ingalephere bwanji? Ankadandaula kuti mphamvu yonseyo ikungotidutsa usana ndi usiku, anthu tikuunikira koloboyi.

M'chigafa chakale cha fodya kuseri kwa nyumba anali atakonza chipangizo chawo. Linali gudumu la njinga lopanda tayala, lokhazikidwa pathabwa. M'masipoko anamangiriramo maginito ochotsa m'mawayilesi akufa ndi timalata topyapyala, pambali pake anakulunga waya wa kopa wopita ku kababu ka tochi. Gudumulo silinkazungulira lokha, ndipo kababuko sikanayakepo. Adada ankati nthawi ya pamudzi pathu ndi yaulesi, pamafunika popanikizika. Malo amene ankawaganizira anali pa Njakwa, pomwe mtsinje wa Rukuru umadutsa pakati pa mapiri awiri oyandikana.

Tchuthi chitafika, amama anandipeza ndikuchapa.

"Mwana wanga, muwaperekeze adada anu ku Njakwa. Miyendo yanga siingafike."

"Kodi inu mumakhulupirira zimenezi, amama?"

Anaseka pang'ono. "Ine ndimakhulupirira za kutchalitchi. Koma munthuyu anakhala duu zaka zambiri. Tsopano akudzuka m'mawa, akumeta ndevu, akufunsa komwe kuli pulayala. Apite."

Tinanyamuka dzuwa litakwera pang'ono. Gudumu ndinalikulunga m'chitenje, tinakwera matola. Mayi wina wonyamula tomato anafunsa ngati tikukawotcheretsa njinga, adada n'kuyankha kuti, "Yayi, amama, tikukayesa chinthu." Palibe anafunsanso.

Tinatsika pafupi ndi mlatho n'kutsetsereka pang'onopang'ono mpaka pathanthwe lina lafulati. Madzi anali ochepa chifukwa inali nyengo yotentha. Adada anakhazika thabwa lija, analitsamiritsa ndi miyala, n'kuliloza komwe mtsinje ukuchokera. Atangochotsa dzanja, gudumu linagwedezeka, linayamba kuzungulira, kenako linathamanga mpaka masipoko osaonekanso. Ndinaphimba kababu ndi zikhato kuti ndikaone bwino. Kawaya ka m'kati mwake kanali katafiira.

"Adada, kayaka," ndinatero. Ndinawakodola kuti aone, ngakhale kuti sindinkakhulupirira n'komwe.

Iwo anawerama, anayang'ana kwa kanthawi ndithu. Nkhope yawo inawala ngati ya munthu woona m'bale wake akutsika basi. Kenako anawongoka, ananyowetsa chala ndi malovu n'kuchikweza m'mwamba.

"Ndibwerekeni chitenje chija, aphunzitsi. Mugwire uko, ine ndigwire kuno."

Tinatchinga gudumu mbali yomwe kunkachokera mphepo. Linayamba kufooka, linazungulira mwaulesi, n'kuima. Tinachotsa chitenje, linayambanso. Tinatchinganso, linaimanso.

"Ndi mphepo iyi," anatero mofatsa.

Ndinaganiza zowauza kuti mwina mphepoyo ikukankhidwa ndi nthawi, koma ndinaona kuti kutero kukanakhala kuwanyengerera ngati mwana. Tinakhala pansi, ndinatulutsa nthochi ndi tiyi wa m'fulasiki. Anadya bwinobwino. Anandionetsa maenje osalala omwe madzi anaboola m'thanthwe, n'kundifotokozera momwe timiyala timazungulirira m'menemo nyengo ya mvula.

"Mwakhumudwa, adada?"

"Pachoko waka," anayankha, kutanthauza pang'ono chabe. "Gudumu lagwira chinthu cholakwika. Nthawi imadutsa m'chitenje, imadutsa m'mwala, ndiye timalata tanga singatione n'komwe. Pakufunika chinthu chomwe ingachigunde. Yewo chomene pondiperekeza."

Titafika kunyumba, amama anatiyang'ana nkhope tonse awiri, sanafunse za gudumu. Anangofunsa ngati adada anavala chipewa padzuwa.

Chaka chotsatira amuna anga anapeza nyumba ku Mzuzu, ndinasamuka. Tikapita kukacheza, ndinkapeza m'chigafa muli zatsopano: mabotolo a mafuta, mchere wouma m'zitini, kamwala kolendewera pa ulusi. Chilichonse adada ankachiyesa, akaona kuti sichikugwira ankanena okha, n'kuyamba china. Anzawo a kumpingo ena ankawaseka, ena ankawabweretsera mawayilesi akufa. Maso atayamba kuchita khungu anasiya kukonza zinthu, koma ankanditumabe kuti ndikawayang'anire ngati kamwala kaja kasuntha. Ndinkapita, n'kubwera kudzawauza kuti kali pomwepo, iwo n'kugwedeza mutu, n'kundifunsa za ana a m'kalasi mwanga.