Benchi ya namfedwa ku Govan

Mnansi wanga ku Shawlands anali mzimayi wa Chisikoti amene ntchito yake inali kulemba mafilimu. Kunena zoona, kwa zaka zambiri ndinkamuona ngati lova. Ine ndikutsika masitepe kuthamangira basi ya kuchipatala, iye ali pawindo ndi khofi, maso ali kudenga, n'kumati ali pantchito. Ankalemba masewero a pa TV amene ankajambulidwa ndi anthu ena, ndipo tikakumana pakhomo ankangodandaula kuti amuwonongera nkhani.

Chaka china anamulola kujambula yekha filimu imene analemba. Anagogoda pakhomo panga. Ankafuna anthu odzaza tchalitchi pa chigawo cha maliro, ndipo ankadziwa kuti ndili m'gulu la amayi a kumpingo. Ntchito yathu akuti inali yosavuta: kuvala zakuda, kukhala kumbuyo, kutseka pakamwa. Tchalitchi chakale cha ku Govan anachibwereka masana amodzi okha, komanso inali nyengo yozizira, pamene dzuwa la kuno limaweruka msanga kuposa wantchito wa boma Lachisanu. Chigawocho chikanalephereka, analibe tsiku lina.

Amayi a gulu lathu anabwera atatchena ngati kuli ukwati. Pakati pawo panali mayi wina wamkulu, wosamalira okalamba, amene ngakhale abusa amayamba apuma kaye asanamutsutse.

Kutsogolo anaika bokosi lopanda kanthu. Pa benchi yoyamba panakhala mtsikana wochita sewero, yekhayekha, ngati mwana wa malemu. Kamera itayamba, mtsikanayo anayamba kulira, misozi yeniyeni ili mbwembwembwe. Ndisanadziwe n'komwe, mayi wamkulu uja anali atafika kale kutsogolo, wakhala pambali pake, wamukumbatira. Mnansi wanga anaimitsa kamera.

Ndinapita kukawatenga. "Amayi, ndi filimu iyi. M'bokosimo mulibe munthu."

"Ndikudziwa, sindine mwana," anatero. "Koma uyu akulira zenizeni. Inu simukuona?"

Titayambiranso, iwo anakhazikika ndithu, koma wina kumbuyo anayamba kung'ung'udza nyimbo ya maliro. Kwathu nyimbo yotero sumusiyira munthu yekha, ndiye tonse tinailandira, ineyo ndili momwemo ndi mawu achiwiri. Bambo wojambula mawu anavula zakukhutu n'kutiyang'ana ngati tamudyera chakudya. Ulendo wotsatira, mayi wamkulu anatulutsa chitenje m'chikwama kuti akamange namfedwa m'chiuno, monga timachitira kuti munthu asafooke ndi kulira. Apa ngakhale mtsikana wolira uja anaphulika kuseka.

Mnansi wanga sanaseke. Mawindo anali atayamba kuda. Anabwera kumene tinakhala, nkhope ili psu, ndipo ndinachita mantha kuti ndamuphera ntchito imene anaidikira zaka zonsezo.

"Chonde, ayenera kukhala yekha," anatero motsitsa mawu. "Pa maliro a mayi anga ndinakhala ndekha pa benchi yoteroyo. Bambo anali m'chipatala, ndipo anthu onse anakhala kumbuyo pondipatsa ulemu. Ndikufuna anthu aone mmene zinalili."

Mayi wamkulu anapinda chitenje chake.

"Ulemu wamtundu wanji umenewo?" anang'ung'udza. "Chabwino. Jambulani filimu yanuyo."

Komabe sindinawakhulupirire, choncho ndinawagwira jekete mpaka kamera inazima. Chigawocho chinatheka kuwala kutangotsala pang'ono.

Filimu itatuluka, tinapita tonse kukaionera ku Hillhead. Ife tikuoneka kanthawi kochepa, kumbuyo kwenikweni, zipewa zokhazokha. Mwana wanga anandiseka njira yonse m'sitima ya pansi pa nthaka, koma mayi wamkulu anauza abale onse ku Lilongwe kuti tsopano ndi katswiri wa mafilimu. Ine ndinalira m'kanemamo, ndipo sindinabise. Benchi ija inaoneka yaitali kwambiri.

Mnansi wanga zinamuyendera. Anajambula mafilimu ena, n'kuyamba kumakhala miyezi ku London, ndipo ine ndinasiya kumutcha lova. Maluwa ake a pawindo ndinkathirira ndine.

Patapita zaka, anandiimbira foni ndili kuntchito. Bambo ake anali atamwalira. Nditamupepesa anafunsa ngati amayi aja angabwere.

"Koma uwauze," anatero, "kuti ulendo uno asakhale kumbuyo."

Tinapita tonse. Benchi inatichepera, tinapanikizana ngati mu minibasi, iye ali pakati. Mayi wamkulu anatulutsa chitenje chomwe chija n'kumumanga m'chiuno pamwamba pa jekete lakuda, ndipo mnansi wanga anakweza yekha manja kuti chimangike bwino.