Apongozi a ku Indonesia Atafika ku Luchenza

Ndinaganiza zochoka tsiku limene sitolo ya mabuku akale, momwe ndinkagulitsa pang'ono n'kumawerenga kwambiri, inasanduka ya matayala. Msuweni wanga anandipezera ntchito yosamalira okalamba ku Wigston, kufupi ndi Leicester, ku England. Ku Luchenza ndinasiya mkazi wanga ndi mwana wathu Tadala, ali Sitandade 5.

Kuzizira ndinakuzolowera. Chinkandisowetsa mtendere ndi foni. "Sukulu bwanji?" "Bwino." "Amayi ako?" "Ali bwino." Kenako Tadala n'kuti, "Adadi, batire ikutha." M'basi ndinkapitirira potsikira, mutu uli kumudzi, ndikuti mwanayu ndikumutaya. Munthu wa mabuku onse aja, kusowa chouza mwana wake.

Pa buleki ndinkakhala ndi Dewi, mnzanga wa ku Indonesia, yemwe ankaonera pafoni masewero akwawo, amati sinetron. Ndinkawaseka. M'sewero lina, apongozi oipa mtima amene anabisa mwana akatuzula maso, kamera imawayandikira katatu, ng'oma n'kugunda. Munthu amamwalira, mwezi wamawa wabweranso, ati anali mapasa.

"Seweroli litha liti?" ndinafunsa.

"Silitha," anatero Dewi. "Amayi anga amaonera ku Surabaya, ine kuno, kenako timaimbirana n'kukangana."

Ndinayamba kuonera, ndikuwerenga mawu a Chingerezi m'munsimo, mabuku anga akuchita fumbi. Ndinamutumizira Tadala linki, n'kumamujambulira mavoisi ofotokoza za sewerolo podikira basi. Anayamba kuyankha. "Ndiye apongozi aja amubisa kuti mwanayo?" Ine n'kumafotokoza ngati loya m'khoti, anthu pasiteji akundicheukira.

Nditabwerera kumudzi, ndinapeza Tadala atandifika m'phewa. Anandipatsa moni wa alendo, maso ali pansi, ndipo mantha aja anandigwiranso. Ndinatulutsa foni msangamsanga kuti tionere gawo latsopano. Anayang'anitsitsa nkhope zija.

"Awa ndi ndani?"

"Apongozi aja."

"Ine ndimayesa ndi onenepa."

Amayi ake anaseka. "Bambo a Tadala, bandulo yoonera mafilimu tiitenga kuti? Mwanayu sanaonerepo olo kamodzi. Amangomvera mavoisi anuwo, mawa lake n'kukafotokozera anzake kusukulu. Ngakhale ku saluni amandifunsa ngati mwana uja wapezeka."

Seweroli lisanafike n'pakati pomwe, Tadala anandibwezera foni, n'kusendeza mpando wake pafupi ndi wanga pakhonde.

"Zimitsani, adadi, akulankhula zosamveka. Fotokozani inuyo."