Tsiku Limene Ndinatsitsa Mau a Foni

Mwana wanga woyamba anadwala malungo aakulu atangoyamba kuyenda. Anachila, tinayamika Mulungu. Asanadwale anali ndi timau take tochepa, ankati "mama", ankati "madzi", koma atachila timau tija tinayamba kutha kamodzikamodzi, mpaka anangotsala ndi kuloza ndi chala. Apongozi anga anati ana aamuna a m'banja lao onse amachedwa kulankhula, ngakhale atate ake a mwanayo anachedwa. Ine ndinavomela, chifukwa ndi zimene mtima wanga unkafuna.

Atate ake ankaona zina. Iwo ankati mwanayo ngwamwano. Akamuitana ali kumbuyo kwake sankatembenuka, koma akamukodola akuonana ankabwela chothamanga. Ndiye ankati amayankha akafuna yekha. Si munthu wankhanza, amuna anga. Ankaopa kuti mwana wosayankha adzagundidwa ndi ngolo kapena njinga yamoto mumsewu wathu wa kuno ku Nyalugwe, choncho ankathyola kamtengo n'kumukwapula m'miyendo kuti aphunzile. Mwana ankalila akuyang'ana ine, osadziwa chimene walakwa. Ndinkamunyamula, n'kumupukuta, mawa lake zomwezo.

Chaka chimene nshawa (ena amati mtedza) zinachita bwino, atate ake anapita kukagulitsa ku Petauke. Anabwelako ndi foni yogula kwa munthu, yagalasi lalikulu losweka pakona, ndipo wa pashopu anawaikilamo nyimbo za kwaya ndi filimu imodzi ya katuni. Inali ya munthu wovala zobiliwila, wa manja achitsulo, amene amauluka n'kugwila mlatho ukugwa kuti basi ioloke. Anali ndi galu wake wopusa. Anthu a m'menemo ankalankhula Chizungu chothamanga, choti ine wa giledi seveni sindinkatolapo kanthu. Pansi pankadutsa malemba. Ndinayesa kuwelenga. Zilembo zinali zathu zomwezi, koma zovala tizipewa ndi timichila, zina ndi kadontho kunsi. Aphunzitsi ena a pasukulu yathu ataona anaseka, anati n'chilankhulo cha ku Vietnam, dziko lakutali kwambili, ndipo ngakhale iwo sangachiwelenge. Atate ake anati wa pashopu anawapusitsa. Ana a m'mudzi sanasamale zimenezo. Foni ikangochoka pa sola ankadzaza pakhonde, n'kumadzipangila okha zimene anthu a m'filimu akuuzana.

Wanga ndiye ankakhala patsogolo pa onse, mphuno pafupi ndi galasi.

M'nyengo yotentha kunagwa malilo pakhomo loyandikana nafe. Anamwalila ndi amai ena achikulile amene ankadwala miyendo. Kwathu kuno malilo akagwa wailesi siilila, ndipo ana sachita phokoso pabwalo. Ine ndinali ndi khanda lodwala chifuwa, ndiye azimai anzanga anati ndikhale pakhomo ndi ana ao, iwo akaphike kumalilo. Ana ambili m'nyumba imodzi, masana, malata akutentha. Ndinatseka chitseko, ndinawaikila filimu ija, koma mau ndinatsitsa mpaka kuthelatu, kuti phokoso la ndewu lisamveke kunja pamene anthu akuimba nyimbo zachisoni.

Ana anayamba kudandaula pomwepo. Kamtsikana ka alamu anga kanati, "Amai aang'ono, foni yanu yafa." Wina anatambasula dzanja kuti akweze, ndinamuletsa. Posakhalitsa anatopa nayo, anayamba kutsinana, ena anagona pamphasa.

Wanga sanadzutse mutu. Pamene munthu uja anagwila mlatho, naye anakweza manja monga masiku onse. Pamene galu anagwela m'matope anaseka, kuseka kwake kwa pakhosi kuja. Ndinakweza mau pang'ono, anzake onse anatembenuka nthawi imodzi. Ndinatsitsanso, anabwelela ku zotsinana zao. Iye nkhope sinasinthe. Ndinabweleza kangapo. Kwa iye filimu inali yomweyo, sinasowepo kanthu. Ndinazindikila kuti anakhala akuionela choncho kuyambila tsiku loyamba.

Ndinakhala pansi, khanda lili pamiyendo. Kunja anali atayamba nyimbo yopita nayo kumanda. Ndinalila, ndipo ana anayesa ndikulila amai omwalila aja.

Atate ake sindinawauze tsiku limenelo. Anabwela atatopa ndi kukumba manda, dothi lili m'tsitsi. Ndinadikila mpaka achibale a kumalilo abalalike. Amuna anga ndimawadziwa: ukawauza chinthu amatsutsa, koma akachiona okha amakhala chete. Masiku amenewo ndinkaonetsetsa kuti mwana ali pafupi ndi ine, pasakhale chifukwa choti amuitane. M'mawa wina asanapite kudimba, ndinamukhazika mwana pakhonde, ndinaimika foni pa njelwa patsogolo pake, n'kuwapempha iwo akhale pambali, chala chili pa batani la mau.

"Ndi masewela anji awa, amake mwana? Dzuwa likukwela."

"Atate ake, tsitsani chabe. Musayang'ane foni, yang'anani nkhope yake."

Anatsitsa. Kenako anakweza mpaka foni inayamba kulila ngati ikung'ambika, nkhuku zinathawa pakhonde. Anatsitsanso. Anaimilila, anapita kumbuyo kwake, anamuitana dzina ndi mau aja amene ngakhale ine amandiopsa. Mwana anali kuseka galu.

Atate ake anakhala pa mpando. Anandifunsa kuti zinayamba liti, ndinati ndikuganiza kuyambila malungo aja. Anafunsanso ngati amai ao akudziwa, ndinati ayi, ndayamba ndi iwo.

"Ndiye nthawi yonseyi ndimakwapula mwana amene makutu ake anafa?"

Kudimba sanapite tsiku limenelo. Anangokhala pafupi ndi mwana mpaka moto wa foni unatha.

Sabata yotsatila tinakwela njinga yamoto kupita kuchipatala ku boma la Nyimba, mwana ali pakati pathu. Anamuyeza, anatitumiza kwina kumene kuli makina. Kumeneko anatiuza kuti khutu limodzi linafelatu, lina limatola pang'ono zinthu zamphamvu ngati bingu. Anatiuzanso za sukulu ya ana olankhula ndi manja, yogonela komweko, kuti akakulako pang'ono angathe kupita. Apongozi sanavomeleze msanga kuti mwana samva. Anati timupemphelele, ndipo timapemphela ndithu. Koma nawonso masiku ano akamamupatsa chakudya amayamba amugwila paphewa.

Kamtengo kaja sikanathyoledwenso. Atate ake akamufuna mwana amasiya khasu pansi, amayenda mpaka pamene ali, ngakhale kumapeto kwa munda, n'kudzela kutsogolo kwake kuti asamudzidzimutse. Awiliwa ali ndi zizindikilo zao za ng'ombe, za madzi, za "tiyeni kunyumba", zina ine sindizidziwa.

Za sukulu sitinagwilizanebe. Atate ake akuti apite, asakule ngati mlendo pakati pa anthu. Ine ndikuti akadali wamng'ono kukagona kwa eni ake, akadwala usiku adzauza ndani, adzamuuza bwanji? Dzulo anandiuza kuti mvula ikatha tipite tonse atatu tikaione sukuluyo. Ndavomela kukaona chabe.